Mwana Amene Sitinamulire

Foni inandipeza m'munda wa nzimbe ku Dwangwa, ndili weramu kupalira, masamba atandichekacheka manja. Anali Mwajuma, mayi wogulitsa zitumbuwa amene anayandikana nyumba ndi mng'ono wanga Uchizi, kumunsi kwa Benga, kufupi ndi nyanja. Mwajuma sadziwa kuzungulira nkhani.

"Dyness, siya khasulo ubwere. Mng'ono wako amulanda mwana."

"Wamulanda ndani?"

"Apongozi ake. Akuti mutu wake sukuyenda bwino. Walahi, dzana msodzi wina anamupeza ali m'madzi olekeza m'chiuno, khanda lili m'manja."

Ndinakapempha chilolezo kwa kapitawo, amene anandiyang'ana ngati ndamupempha ng'ombe, ndipo m'mawa mwake ndinakwera minibasi. Njira yonse ndinkakangana ndi Mwajuma mumtima. Uchizi? Akanati ine, palibe akanadabwa, chifukwa pabanja pathu wapakamwa ndi wosachedwa kupsa mtima ndine. Uchizi ndi uja amene amayi a pamudzi amamutchula akafuna kuchititsa manyazi ana awo aakazi. Amadzuka nkhuku zisanatsike, kuyanika usipa pa thandala, kupita ku mpunga, kubwera kudzaphika, Lamlungu n'kukatsogolera kwaya. Ukamufunsa za moyo amayankha usanamalize funso: "Ndili bwino, kaya inu asisi?" Kenaka amaseka.

Khalidwe limeneli analiyamba kalekale. Amayi athu, Mulungu awasunge, anali ndi nyengo zawo. Akabereka mwana ankatha miyezi ali m'nyumba, chitseko chotseka, nkhope kukhoma, ndipo pamudzi ankangoti ndi ulesi. Abambo ankathawira ku kachasu. Ine ndinali nditatumizidwa kale kwa azakhali, ndinkangobwera pa holide. Uchizi, ali kamtsikana koti ndowa ikufanana naye msinkhu, ndiye ankatunga madzi, kusesa, kubereka khandalo, ndi kuuza alendo kuti amayi angodwala mutu basi. Tonse tinkamuyamikira. Zoti nayenso angatope sizinabwere m'mutu mwa aliyense.

Atakwatiwa ndi Amon, msodzi wa banja lochokera kumpoto ngati lathu, mimba yoyamba inafika mwezi wake bwinobwino, koma mwana anabadwa wakufa. Nditati ndikubwera, anandiuza pa foni kuti ndisavutike, nthayo saitanira anthu. Mwana wotere amakamuika amayi akuluakulu okha, mwakachetechete, pa dzenje losazama, popanda bokosi, popanda nyimbo. Mayi wake sapita nawo, sauzidwa malo, ndiponso salira, chifukwa amati misozi imatseka njira ya ana ena. Uchizi sanalire. Sabata isanathe anali kale ku thandala, ndipo apongozi ake, anyaGondwe, ankamutama pa mjigo kuti mkazi ndi ameneyu.

Chaka chino, chimene nyanja yakwera mpaka kumeza minda ndi nyumba za m'mphepete, Mulungu anamupatsa mwana wamkazi wamoyo, wamasaya ake, dzina lake Atikonda. Tonse tinati basi, bala lapola.

Ndinatsika kabaza dzuwa lili paliwombo. Chingwe cha pakhomo chinali chodzaza matewera, tizipewa ndi mabulangete, zonse zoyera mbee, pamene mwana wozidetsa panalibe. Uchizi anali pa beseni, akuchapanso zochapa kale. Anali atatha, mafupa a m'khosi akuonekera, ndipo bulauzi yake inali itanyowa ndi mkaka pachifuwa. Atandiona anadzuka n'kumwetulira, mano onse pamtunda.

"Asisi! Bwanji osanena? Ndikanapha nkhuku."

Kumwetulira kumeneko kunandiopsa kuposa zonse zimene ndinamva pa foni.

Mlamu wanga Amon anali pansi pa mtengo wa mango, akusoka ukonde. Ndi munthu wabwino, koma ubwino wake ndi wa nkhuku yonyowa. Anandipatsa moni osadzutsa mutu.

"Alamu, ine ndatopa," anatero. "Ndikamapita ku nyanja ndimamusiya atakhala tsonga, chala chili pamphuno pa mwana, kuona ngati akupuma. Ndikabwera kutacha ndimamupeza momwemo. Sagona. Kudya amangonamizira. Ndinaitana abusa, anapemphera mpaka mawu kusasa. Tsopano ndi izi za m'madzizi."

"Ndiye mwagwirizana chiyani?"

"Amama akuti apite kwanu akachire. Mwana atsala."

"Mwana wa miyezi iwiri atsala? Adzayamwa inu?"

"Tikumugulira wa m'chitini. Amama akuti mkaka wa munthu wotere umapatsira matenda. Komanso mukudziwa, alamu, ng'ombe tinapereka. Mwana ndi wa kuno."

Kuseri kwa mpanda wa bango, kunyumba ya anyaGondwe, mwana ankalira kulira kwa njala, kuja kosasa. Nthawi iliyonse akakweza mawu, manja a Uchizi ankaima m'beseni, kenaka n'kuyambanso kufikisa mwamphamvu. Ndinaona kuti ndikapita kwa apongoziwo nthawi yomweyo ndikalankhula zoti sindingazibweze. Ndinakhala pansi, ndinakoka beseni, ndinayamba kutsukuluza matewera oyerawo.

Ine sindidziwa kunyengerera, ndiye ndinangofunsa.

"Uchizi, unkafuna kumumiza mwanayu?"

"Ayi, asisi!"

"Nanga m'madzimo unkatani?"

Anafinya thewera, analifunyulula, analifinyanso. Kumwetulira kuja kunkabwera n'kumachoka, ngati kukusowa pokhala.

"Ndinamva amayi ena akucheza ku chigayo," anayamba motsitsa mawu. "Ankati madzi afika kuseri kwa manda, kumunsi kuja amaika ana aja. Ankangocheza, sanandione. Chimvereni zimenezo, ndikatseka maso ndimamuona ali m'madzi. Anamukulunga kachitenje kamodzi kokha, asisi, kopyapyala, kanga ka kumunda. Ndimati ndikamufundike bulangete. Koma pamene ali sindipadziwa. Ndimangoyenda."

"Ndi khanda m'manja?"

"Ndikanamusiyira ndani? Ndikamusiya pang'ono, mtima umandiuza kuti ndikamupeza atazizira."

Ndinati nkhani yathera pamenepo, ndipo ndinayamba kale kukonza mawu okawalasa nawo anyaGondwe. Koma Uchizi anapitiriza, maso ali pa thovu la sopo.

"Madzi atafika apa," analoza m'chiuno, "ndinamva bwino. Kunali zii. Mutu unasiya kulira. Ndinaganiza kuti ndikangopitirira pang'ono, ndigona. Ndatopa, asisi. Ndimangofuna kugona."

Ndinabwera ndi mkwiyo wokwanira mudzi wonse, ndipo tsopano sindinadziwe woupatsa. Mayi amene ndinkamuona ngati mfiti yolanda ana anali atapulumutsa mdzukulu wake. Zinandiwawa kuvomera, koma zinali choncho.

Ndinawapeza anyaGondwe pakhonde, mwana ali kumsana, akumugwedeza uku akusankha mpunga m'lichero. Ndi mayi wamtali, wouma ngati nsungwi, wa manja akuluakulu ngati a mwamuna. Munda wawo wa mpunga ndi umene unkatchuka kudera lonselo madzi asanaumeze. Botolo la mkaka linali pambali, lodzaza, ntchentche zikuzungulira pa nsonga. Ndinagwada, ndinapereka moni wonse monga ndinaphunzitsidwira, ngakhale m'kamwa munkandiyabwa.

"Ngati mwabwerera mwana, mama, mwataya thiransipoti," anatero asanandiyang'ane n'komwe.

"Sindinabwerere mwana. Mwanayo munachita bwino kumutenga."

Apa ndiye anadzutsa mutu.

"Ndabwerera winayo," ndinatero. "Mumuonetse Uchizi pamene munamuika."

"Yayi."

"Ndi amene akumufuna m'madzimo. Akapanda kumupeza apitanso, ndipo ulendo uno sadzapezeka msodzi womukoka."

"Yayi, mama. Zimenezo sizichitika. Ife tinazipeza, tidzazisiya. Mng'ono wanu si woyamba kutaya mimba pamudzi pano."

"Munamuuza kuti asalire."

"Ndinamuuza. Ndipo onani." Anatembenuza phewa kuti ndione kamutu ka Atikonda. "Akanalira bwenzi uyu alipo?"

Apa ulemu wanga unatha, monga umathera nthawi zonse.

"Ndiye wabadwatu! Si uyo ali kumsana kwanuyo? Munkaopa kuti njira itsekeka, njira sinatsekeke. Walipira zonse zimene munamuuza, mpaka mnofu wa m'thupi wathera pomwepo. Tsopano mukuopanso chiyani? Kapena mukufuna mukaike ndi mayi wake yemwe, poti ameneyo ndiye amaloledwa nyimbo ndi bokosi?"

Ndinayembekezera kuti andithamangitsa ndi lichero. Iwo anangopitiriza kutola timiyala mumpunga, kamodzikamodzi. Mwana anayambanso kulira, anamupatsa botolo, iye analikankha ndi lilime. Kenaka anyaGondwe analankhula ngati akuuza mpungawo.

"Mawa, amuna akapita kokagulitsa nsomba. Mwana atsala ndi Mwajuma. Muvale zakutha."

Kunacha kuli mitambo. Tinadutsa kuseri kwa tchalitchi, tinalambalala manda a akuluakulu, n'kutsikira kumene kale kunali dambo. Tsopano kunali nyanja yokhayokha, ya madzi a matope, nsonga za bango ndi ziputu za chimanga zikusuzumira. AnyaGondwe anakwinya chitenje n'kulowa osatembenuka. Uchizi ankawatsatira atakumbatira kabulangete ka buluu, ine pambuyo, dzanja langa litagwira mfundo ya chitenje chake. Matope ankatimeza mapazi, ndipo ndinkatukwana chamumtima phazi lililonse.

Madzi atatifika m'ntchafu tinafika pa mkuyu waukulu umene unaima wokha, masamba ake atayamba kufiira chifukwa cha kumira mizu. AnyaGondwe anaugwira, anayang'ana kumtunda, anayang'ana nthambi ina yokhota, kenaka anasuntha pang'ono chakumanzere.

"Apa."

Panalibe chilichonse. Madzi okha, ndi kachitsotso kakuyandama. Uchizi anayang'ana pamenepo nthawi yaitali, nkhope ili gwa, ndipo ine ndinayamba kuganiza kuti ndalakwitsa, ndamubweretsa pakamwa pa ng'ona popanda phindu.

"Amama," anafunsa, "anali wamwamuna kapena wamkazi?"

Zaka zonsezi, ngakhale chimenechi sanamuuze.

"Wamwamuna," anatero anyaGondwe. "Wamtali. Tsitsi lambiri, lakuda bii. Makutu a Amon enieni."

Kulira kumene kunatuluka mwa mng'ono wanga sindinakumvepo pa maliro alionse, ndipo maliro ndayendapo ambiri. Sikunali kwa mawu. Kunkachokera m'mimba, ngati munthu akusanza. Anagwada, madzi n'kumufika m'khosi, ine ndinamugwira m'khwapa ndi mphamvu zonse za kupalira nzimbe. Anaviika kabulangete kaja, akukakankhira pansi ndi manja onse awiri, iko n'kumabwerera pamwamba. Ankakakankha, iko n'kumabwerera. Pomaliza ndinafufuza ndi phazi, ndinapeza chidutswa cha njerwa, tinakapsinja nacho. Nanenso ndinali kulira, mamina ali chuchuchu, osadziwa ngati ndikulira mwanayo, Uchizi, kapena amayi athu ndi chitseko chawo chotseka.

AnyaGondwe sanatiyang'ane. Maso awo anali mbali ina ya mkuyu, kumene kunali bango lowirira. Nditaona kuti akhalitsa choncho ndinawafunsa ngati aona ng'ona.

"Anga ali uko," anatero. "Awiri. Amon asanabadwe."

"Munalira?"

"Ndinalima." Anatambasula manja awo akuluakulu aja, n'kuwayang'ana ngati ndi a munthu wina. "Ndinkalima mpaka matuza kuphulika, mawa lake n'kupitanso. Anthu n'kumati nyaGondwe ndi wakhama." Anapukuta manjawo pa chitenje chonyowa. Diso lawo linali louma. "Tiyeni. Ng'ona ziliko ndithu kuno."

Ndikanakonda kunena kuti misozi ija inamuchiritsa, koma ndinama. Titabwerera, Uchizi anakhala pakhonde ndi zovala zonyowa, osasintha, osachapa, osamwetulira. Ndikamufunsa kanthu ankayankha patapita nthawi, ngati mawu akuchokera kutsidya. Ndinamuphikira phala, anadya masipuni owerengeka. Masana anagona pamkeka, koma anadzidzimuka akufufuza mwana pambali pake, ndipo atamusowa anangotembenukira kukhoma. Kutembenuka kumeneko ndinakudziwa. Ndinakuona ndili mwana.

Ndinabwereranso kwa anyaGondwe, ulendo uno wopanda mphamvu zokalipa. Ndinawauza kuti ku kiliniki ya ku esiteti ya nzimbe kumene ndimagwira ntchito namwino anatiphunzitsapo za matenda ogwira amayi akangobereka, makamaka amene anatayapo mwana kapena amene kwawo kunali wodwala chotere. Anati ndi matenda ngati ena onse, ali ndi mankhwala ake ndi anthu ake okamba nawo. Ndinati mawa ndikupita naye ku chipatala cha ku boma.

"Mudzi wonse udziwa kuti mkazi wa Amon ndi wamisala," anatero.

"Mudzi wonse unamuona kale m'madzi."

"Mupite naye. Koma mwana sapita."

"Amama, popanda mwanayo ndikawapatsa chikopa chokha madokotalawo."

"Mwamuona nokha lero mmene anagwadira. Mukanapanda kumugwira? Mwana sapita, mama."

Sankanama. Ndinadzuka, mawondo akulira, ndinabwerera. Amon anandipatsa ya thiransipoti osandiyang'ana m'maso, n'kunena kuti akanatiperekeza koma injini ya bwato ikuvuta. Ndinamuyang'ana mpaka anapita kukaiona injiniyo.

M'mawa mwake tinali pa msewu pa Benga, pansi pa mthunzi wa golosale, tikudikira minibasi. Uchizi ndinamuveka diresi lake la kutchalitchi, limene tsopano linkangolendewera. Sanafunse kumene tikupita. Pachifuwa ndinamuikira kansalu kuti mkaka usaonekere, koma unali utayamba kale kudutsa. Anthu odziwana naye ankapereka moni chapatali, ena n'kumanong'onezana, ine n'kumawabwezera diso mpaka atayang'ana kumbali.

Minibasi itaima, kondakitala akukuwa za ku boma, kabaza wina anafika mothamanga n'kuima kumbuyo kwake. Anatsika anyaGondwe, atavala chilundu chatsopano, mwana kumsana, kachikwama m'manja.

"Ndikupita naye ku sikelo," anatero, akuyang'ana kondakitala osati ife.

Sikelo ya ana imachitikira pansi pa mtengo pamudzi pawo pomwepo, koma kamodzi m'moyo wanga ndinatseka pakamwa. Tinapanikizana pa mpando wakumbuyo, Uchizi kuwindo, anyaGondwe pakati, ine kunsonga, miyendo yanga ili pa thumba la makala la munthu wina. AnyaGondwe anamasula mwana n'kumuika pamiyendo pawo, nkhope yake atailozetsa kwa ine. Uchizi sanatembenuke. Anayang'ana panja, manja atawapana pakati pa mawondo.

Tisanapite patali Atikonda anayamba. Anamupatsa botolo, analikana. Anamugwedeza, anamuimbira ka Chitumbuka, anamuika paphewa, koma iye anangokweza, nkhope yonse kufiira, mawu akuduka n'kuyambiranso. M'minibasi munkatentha, munkanunkha nsomba ndi petulo, ndipo anthu anayamba kutembenuka. Mayi wina wonenepa wa pampando wa kutsogolo kwathu, amene anali ndi dengu la tomato pamiyendo, analephera kupirira.

"Agogo, mwanayu ali ndi njala. Amake ali kuti?"

Mayiyo anayang'ana ine, anayang'ana Uchizi, maso ake n'kuima pa diresi lonyowalo.

"Iii, si awa? Amayi inu, mkaka ukutayika chonchi mwana akulira? Muyamwitseni mwanayo, asatiboole makutu!"

Uchizi anatembenuka pang'onopang'ono. Sanatambasule manja, sanapemphe. Anangowayang'ana apongozi ake. AnyaGondwe anayang'ana kutsogolo. Minibasi inagwera m'dzenje, tonse tinadumpha, mwana anatsamwa ndi kulira kwake komwe.

AnyaGondwe anamunyamula, anamutembenuza, anamuika pamiyendo pa mayi wake.

Ndinatambasuka kumuthandiza Uchizi kumasula mabatani. Mwana anafufuza, anaphonya, analira, kenaka anagwira. M'minibasi munangoti zii, kumangomveka injini ndi kumeza kwa kakhosi kaja. Uchizi anatsamira pa windo, misozi ikutsikira pa tsitsi la mwana, osaipukuta.

Nditayang'ana pansi ndinaona kuti dzanja la anyaGondwe lalowa kunsi kwa shawelo. Linali litagwira kaphazi ka Atikonda, pa kakolo, osafinya koma osasiya mpata. Mpaka kukafika ku boma sanakataye kaphaziko, ndipo Uchizi sanawauze kuti akataye.